Tsaya la Clémence

Montmartre, Paris
8 Novembala 1893

Mwana wanga Anatole,

Muli bwanji ku Le Havre kumeneko? Chifuwa cha mkazi wako chija chinasiya? Ine ndi mawondo omwe aja. Akundilembera ndi a Barnabé oyandikana nawo, ndawauza alembe mmene ndikunenera.

Ndakhala ndikukunamiza, mwana wanga. Mwana wako Clémence sasoka zipewa ayi. Chaka chachiwiri chino akuvina kwa Gaudry, muholo ya magetsi ija, ndipo mapitikoti ovinirawo ndimachapa n'kusita ndine.

Kumeneko mtsikana amagwetsa chipewa cha mwamuna ndi phazi, mwamunayo n'kuseka, n'kumugulira vinyo. Mabwana amachita kutchera mutu dala. Koma Loweruka anagwetsa chipewa cha Firmin, wopha ng'ombe ku La Villette, osadziwa kuti munthuyo amabisa zipere. Holo yonse inafa nacho chiseko, wina n'kukuwa kuti vundikirani msanga, mphika wavunda.

Lolemba m'mawa Firmin anatipeza kochapira. Anandikankha, ati choka gogo iwe, kasite zisanza za mahule ako. Anamugwira Clémence tsitsi n'kumung'amba tsaya ndi mpeni, kuyambira kukhutu mpaka pakamwa, ati naye asekedwe. Magazi mpaka pansalu za eni ake.

Ine simbi inali m'manja, yongochotsa pamakala. Firminyo ndinamudinda nayo kumaso, Anatole. Sindinachotse msanga. Fungo lake likadali m'mphuno mwangamu. Akuti diso limodzi lapita. Kwa wansembe sindinapitebe, chifukwa chisoni ndilibe.

Abale a Firmin atuma mawu kuti adzamaliza tsaya linalo. Gaudry naye akuti nkhope yosokedwa singavine pansi pa magetsi ake, walemba kale wina.

Ndiye Clémence ndikumukweza sitima yobwera kumeneko Lachisanu. Akungolira kuti atate akandithamangitsa. Usakamupanikize ndi mafunso. Ngati uli ndi ukali bwera nawo kwa ine, wobisa ndine. Ukamuona pasiteshoni usakayang'ane kumbali, chonde. Kuno aliyense akulankhula naye maso ali pansi. Ukamuyang'ane kumaso, umutchule dzina lake.

Ine sindichoka. Abale a Firminwo akabwera adzapeza nkhalamba yokha.

Mulungu akusungeni nonse. Undiperekere moni kwa mpongozi wanga Honorine, umuuze akonze nsalu zoyera, bala likuchuchabe.

Ndine mayi ako,
Philomène Garrec
X