Hutala Amene Anakana Kulira pa Manda Anu

Amayi, kodi kumene munapitako mukudzuka bwanji?

Ndine Mateyu, mwana wanu woyamba. Ndikulemba m'Chinyanja cha kusukulu poti Chilomwe chathu palibe anandiphunzitsa kuchiika papepala, koma ndikudziwa kuti mumva. Inu munkamva ngakhale zimene tinkanong'onezana kuseri kwa nkhokwe.

Kuno ku Nkhulambe tilipo. Ine ndikadali ku chikamwini kutsidya kwa mtsinje, koma pamudzi panu ndimafikapo kawirikawiri. Mkazi wanga Lusiya anachira bwino, ndi mwana wamkazi. Ali ndi chipumi chanu, ndipo akakwiya amatseka diso limodzi monga munkachitira inu. Chimanga chinachita pang'ono chabe, china anyani a kuphiri la Michesi anatithandiza kukolola. Nandolo ndiye wabereka mpaka nthambi kuwerama. Akapitao a malimidwe akutivutitsabe ndi mizere yawo, ndipo tsindwi la nyumba yanu layamba kudontha pakona pomwe munkaika mtsuko. Ndilifolera mvula isanagwe.

Koma chimene ndakhalira pansi ndi nkhani ya Elube, chitsirizira wanu. Mukudziwa kuti pamene munkadwala anabweza amuna onse omufunsira, akuti sangasiye mayi ake pamphasa. Tsopano wapezeka amene mtima wake wamulola. Dzina lake ndi Dayisoni, kwawo ndi kuseri kwa Michesi, ndipo amayendetsa galimoto ya mmwenye wina wamalonda wa ku Limbe amene amagula nandolo kuno. Bwana wake atamutuma kudzaona mmene nandolo wachitira, anamulola kupatukira kwathu ndi malume ake kuti adzaonekere.

Amayi, galimoto ija mukanaiona! Si malole aja otenga fodya ayi. Ndi yakuda, yaitali, yonyezimira ngati madzi a mumtsuko. Mipando yake ndi yachikopa, kutsogolo kuli thabwa losalala kuposa tebulo la m'tchalitchi, ndipo muli wotchi yakeyake. Polowa m'mudzi inaliza hutala, lipenga lake lija, ndipo nkhuku zanu zinathawira kudambo. Msewu wathu unaitopetsa, choncho Dayisoni anatsegula boneti, chivundikiro cha injini. Chimatseguka mbali ziwiri ngati mapiko a nkhwali, ndipo anachisiya chotero kuti injini ipume.

Mlongo wanu, malume a Namakhwa, anawalandira alendo m'nyumba, koma ndi mtima theka. Pamaso pa onse anafunsa kuti, "Kodi munthu woyenda pa matayala, khasu amalidziwa kogwira?" Dayisoni anawaonetsa zikhatho, malume n'kuziyang'ana ngati akugula mbuzi. Pomaliza anati, "Ine ndine mlonda chabe. Mwini mwana wagona kumsitu uko. Ngati iye akana, ine sindingavomere."

Mng'ono wanu a Filesi ndiwo tsopano ali m'malo mwanu, ndiye kuti ndiwo apongozi. Mwambo anausunga kotheratu. Tsiku lonse sanaonetse nkhope kwa mkamwini, tinkangomva chifuwa chawo kuseri kwa khitchini. Chapakati pa zokambirana kunayamba kuwaza chiperoni. Malume anatuluka, natseka mapiko a boneti aja okha, n'kubwera akudzitama kuti, "Ndaifunditsa, ingadwale chimfine pakhomo panga."

Dzuwa litapendeka alendo anatsanzika, ndipo Dayisoni anapempha kuti malume athu ndi ine tikwere mpaka kumsewu waukulu. Akazi ndi Elube ankatsatira pansi, poti m'kanjira kathu galimoto imayenda ngati nkhalamba. Mukukumbukira zigwembe zija za pafupi ndi manda? Tinagwedezeka pamenepo mpaka chipewa cha malume chinagunda denga. Titafika moyang'anana ndi pomwe mwagona, malume anavula chipewacho nati, "Imani. Lizani lipenga lija, mlongo wanga amve kuti kwabwera munthu."

Dayisoni anadina. Zii. Anadinanso ndi chikhatho chonse. Zii. Tinkangomva madontho a chiperoni akugwa kuchokera m'mitengo ya kumanda.

Malume anatsika pang'onopang'ono. "Pakhomo linalira mpaka nkhuku kuthawa. Pano lakhala chete. Kodi pafunikanso womasulira?"

Akazi anali atatipeza. Ndinamuona Elube ataima pansi pa mtengo, akuluma nsonga ya nsalu yake monga ankachitira ali mwana mukamukalipira. Sanalire. Koma ndinadziwa kuti malume akangobwerera kumudzi ndi mawu amenewo, ukwati watha, ndipo palibe mwamuna wina angayerekeze kufunsira mkazi amene mayi ake akukana ali m'manda.

Dayisoni anagwada pamatope. "Malume, ndiloleni ndiyambe ndaona fyuzi."

"Fyuzi ndiye ndaninso? Wabwera naye?"

Ine, Amayi, mukudziwa matenda anga. Munkati, "Mateyu adzafa atasuzumira mumphika wa eni." Mantha ndinali nawo, koma khosi langa linali litafika kale paphewa la Dayisoni. Anatsegula phiko limodzi la boneti, la mbali yomwe amakhala woyendetsa. Sanayang'ane injini yaikulu ija, koma anapita kukhoma lolekanitsa injini ndi anthu okwera. Pamenepo pali kabokosi kakuda, kochepa kuposa kabokosi ka fodya wanu wofwenkha. Atachotsa kachivundikiro, ndinaona timachubu tiwiri tagalasi, totalika ngati kachala ka mwana, tokhala ndi zisoti zachitsulo uku ndi uku, tili topanidwa m'timano tamkuwa. Pambali panali tina tiwiri tongosungira.

"Fyuzi ndi timeneti. Aka n'ka hutala," anandiuza. "Aka n'ka zopukuta galasi ndi zina." Anazula ka hutala naloza nako kumwamba komwe kunali kuwala. "Taonani, achimwene. M'kati muno mumadutsa kawaya kang'ono ngati tsitsi. Moto wochokera ku batire umaoloka pa kawaya kameneka ngati paulalo. Mukukaona?"

Sindinakaone. Munali timapisi tiwiri, ndi galasi lodetsedwa ndi mwaye. Anandipatsa kabwino kuti ndiyerekeze, ndipo m'menemo kawaya kanali kathunthu, kowongoka. Ndinadabwa, Amayi, kuti chilombo chonse chija mawu ake amadalira katsitsi kotere.

Anatenga katsopano nakakankhira m'timano tija. Kasanakhazikike n'komwe, thwa! Kanang'anima ngati chiphaniphani, n'kuda pomwepo.

"Kawiri," anatero malume, akuvala chipewa. "Munthu akakana kawiri safunsidwanso. Mateyu, tiye kumudzi."

Malume a Dayisoni, amene tsiku lonse anali ofatsa, anamugwira Dayisoni pamkono. "Mphwanga, ika msomali! Pa lole ya fodya ndinaona akuika msomali, ndipo zinatheka. Ika chilichonse, lingolira!"

Dayisoni anapukusa mutu. Kanatsala kamodzi kokha, ndipo anakabisa m'thumba la malaya. "Msomali supsa, malume. Ukakana kupsa iwo, ipsa ndi galimoto ya eni, ife tili pompano. Kawaya aka anakapanga kofooka dala. Moto ukasochera, kamafa ndi iko kuti zina zonse zitsale. Ndipo sikapsa popanda chifukwa. Pali penapake pamene moto ukuthawira." Kenako anatembenukira kwa malume athu. "Ngati ndi amayi akukana, ndipita osabweranso. Koma ndiloleni nditsate waya uyu mpaka pomwe wathera."

Malume athu sanachoke. Ndikuganiza kuti nawonso chidwi chinawagwira, pajatu ndi magazi amodzi.

Dayisoni anayenda ndi chala pa waya, ine ndikumutsata, kuchoka pa kabokosi kaja, kutsika, kukhota, mpaka waya anaolokera mbali ina ya injini. Tinazungulira n'kutsegula phiko lachiwiri. Chimene chinayamba kutuluka ndi fungo. Osati la petulo ayi, koma la nyemba zophika. Malume anakweza mphuno nati, "Kodi ameneyu si kalongonda?"

Pansi, pakati pa chitsulo cha galimoto ndi malipenga awiri a hutala, panali patapanikizika bakuli. Bakuli lanu, Amayi, loyera la maluwa abuluu lija, lomangidwa bwino ndi luzi kuti chivundikiro chisachoke. Mukukumbukira pamlomo pake posupuka, pomwe chitsulo chimaonekera, chigwetsereni pa mwala wa kumtsinje? Malo omwewo ndiwo anagunda pomangira waya wa hutala, mbali ina itatsamira thupi la galimoto. Dayisoni anati moto unapeza njira yachidule kudzera m'bakulimo, zigwembe zija zitaligwetsera pamenepo.

Tonse tinangoti kukamwa yasa. Kenako kuseri kwa mtengo wa mango kunamveka chifuwa chodziwika. A Filesi anali atatifulatira, nsalu ili kumutu, ndipo analankhula molunjika kuthengo.

"Mateyu! Uwauze alendowo kuti kalongonda ameneyo ndamuphika kuyambira dzulo, madzi ndataya mpaka mkono kuwawa. Uwauze kuti ine sindikanatha kuwapatsa pamanja. Ndinaona chitseko chili chotsegula, m'kati muli mofunda ngati pamafuwa, ndiye ndinati akafika kwawo adye wotentha. Nanga ndalakwa?"

"Achimwene," anatero Dayisoni, maso ali pansi, "muwauze amayi kuti sanalakwe. Kungoti mafuwa amenewa amayenda."

Akazi anaphulika kuseka, ngakhale tinali pamanda. Malume okha sanaseke. Analandira bakuli lija ndi manja awiri, nasisita posupuka paja ndi chala chachikulu kwa nthawi yaitali. Ine mtima unali m'mwamba, chifukwa akanatha kunena kuti mbale yanu ndiyo yatseka pakamwa pa galimoto, ndiye kuti mwakanadi.

"Ili ndi bakuli la mlongo wanga," anatero. "Mateyu, mayi ako ankati chiyani za mbale imeneyi?"

Ndinayankha kuti munkati, "Mlendo amene sindimufuna ndimamupatsa madzi m'chikho. Bakuli ili ndi la munthu amene ndikufuna abwerenso."

Malume anagwedeza mutu. "Ndiye wolakwa ndine. Mkamwini amakuwa pakhomo pa apongozi? Ndinamutuma zamwano, mlongo wanga n'kumutseka pakamwa, kawiri konse, chakudya atamupatsa kale. Mwana iwe, ika kanthu kako ako. Koma usalize pano."

Dayisoni anapukuta pomangira waya paja ndi kansanza, naona ngati waya sanasupuke. Kenako anatulutsa kotsiriza kaja m'thumba, nakayang'ana kaye kowala, n'kukakankhira m'timano. Sikanang'anime. Anabwezera kachivundikiro, natseka mapiko onse awiri, ndipo tinayenda mwakachetechete mpaka manda anatsala kumbuyo. Pa mphambano malume anati, "Tsopano." Hutala analira mpaka phiri linayankha, akazi n'kuyamba nthungululu. Nditacheuka ndinaona Elube atakhala pansi m'kanjira, nsalu ili kumaso, mapewa akugwedezeka. Kaya ankaseka kaya ankalira, sindinamufunse.

Kalongonda tinadyera pomwepo pamsewu, akadali wofunda. Malume anadya wambiri kuposa mkamwini.

Tsopano funso langa ndi ili, Amayi, ndipo lakhala likundizungulira m'mutu. Kodi munali inu? Dayisoni akuti ndi zigwembe. A Filesi akuti anatenga bakuli lanu chifukwa ndilo linali pafupi. Zonsezo ndikuzimva. Koma zigwembe zili njira yonse, nanga bwanji linadikira mpaka pa inu? Ndimakuonani m'maganizo mutatseka diso limodzi, mukumvetsera mmene mnyamatayo achitire zinthu zikamuthina, ngati aika msomali kapena afufuza. Munkati kalongonda safuna munthu wothamanga, ndipo mwina munkayesa mkamwini ndi muyeso womwewo.

Kafyuzi koyamba kupsa kaja ndinakapempha. Ndimakasunga m'chitini chanu cha singano, ndipo nthawi zina ndimakaloza kudzuwa n'kumayang'ana timapisi tija. Kamandikumbutsa chaka cha njala, pamene munkatigawira chinangwa n'kunena kuti inu mwadya kale kumunda. Ndinali bambo wa ana anga kale, koma ndinkakhulupirira, chifukwa ndinkafuna kukhulupirira. Thupi lanu silinabwererenso mwakale chichokere chaka chimenecho. Ife tonse tinatsala, mpaka Elube.

Ukwati udzakhala tikamaliza kupuntha nandolo. Dayisoni wayamba kale kuumba njerwa kuseri kwa nyumba yanu, ndipo khasu amaligwira bwino, ngakhale malume akuti mizere yake imakhota ngati msewu wa ku Limbe. Bakuli ndidzalipereka ndekha m'manja mwa Elube tsiku limenelo. M'mawa mwake ndidzabwera ndi tsache kudzasesa pamene mwagona, ndidzakuuzeni amene anavina ndi amene anadya mopitiriza. Zigwembe zija sindizikwirira. Aliyense wodutsa pa inu azichepetsa liwiro.

Moni kwa atate, ngati mumaonana.

Ndine mwana wanu wokukondani, wosuzumira m'miphika ya eni,

Mateyu