Kumbuyo kwa Kope la Kuchipatala

Lolemba, 9 Seputembala 2024

Kalata yabwela kuchokela kukhoti la ku Chipata. Kampani ya miyala ija imene ikutsukila matope mu mtsinje wathu ku Chikomeni yayankha dandaulo langa. Za madzi sanatchulepo. Masamba asanu ndi limodzi, onse akunena za mutu wanga. Akuti ndimadwala misala, khoti lisamve mlandu wa mabanja 43 kudzela pakamwa panga.

Wasaina ndi Mathew. Ndi loya tsopano. Ku yunivesite ankakopela manotsi anga a zamalamulo. Ndi iyeyo ananditengela kuchipatala chaka chachitatu, nditayamba kukangana ndi khoma. Sukulu inathela pomwepo. Amakumbukila bwino masiku ano. Pa mayeso sankatelo.

Lachiwili, 10

Amama akuti, "Zileke, Wati. Anthu anaiwala kale." Anthu a pa boma amaiwala maambulela m'tchalitchi, osati misala ya mwana wa mnzawo.

Lachinayi, 12

Vuto ndi kope. Kuchipatala aliyense amayenda ndi kope lodula pakati. Kutsogolo kwa langa anesi amalemba za mankhwala anga, mwezi ndi mwezi, zaka zisanu ndi chimodzi. Kumbuyo ndakhala ndikulemba ine kuyambila Epulo: tsiku lililonse madzi akafiila, ndi dzina la mwana aliyense wotsegula m'mimba. Ndi pepala lokhalo limene silichoka m'chikwama changa.

Kukhoti ndinapeleka fotokope ya kumbuyo kokha. Mathew akufuna kope lenilenilo. Akudziwa zili kutsogolo.

Ndikakana, madeti anga atayidwa, mlandu wafa. Ndikapeleka, Chipata yonse indiwelenga.

Loweluka, 14

A Solomon a komiti ya madzi abwela pa njinga. Mabanja asanu ndi anayi akufuna zidindo za zala zawo zichotsedwe pa dandaulo.

"A NyaZimba, anthu akuti pepala la wodwala mutu limamangitsa."

Ndawafunsa ngati madzi ayela chimveleni kuti ndimadwala. Sanaseke. Tiyi amwa makapu awili.

Lolemba, 16

Ndasita diresi. Ndayesa kung'amba masamba a kutsogolo. Ndi pepala limodzi ndi a kumbuyo, ukachotsa uku kugwa uko.

Lachiwili, 17

Chipata. Woweluza ndi mayi wa magalasi, salemba msanga. Mathew walankhula mphindi makumi anayi, mawu akuti misala wawatchula ka 19. Ndimawelenga.

Atatha, mayiwo amufunsa: "Kodi matopewa amatsika a Zimba akadumpha mankhwala?" Mathew wayang'ana mafayilo ake ngati yankho lili m'menemo.

Kenako afunsa ine. Ndikupempha chiyani, kwa ndani, ndipo ndikagonja chichitike n'chiyani. Ndayankha zonse, ndi ndime za malamulo zomwe. Chaka chachiwili ndinakhoza ine.

Akuti khoti silikufunsa ngati ndinadwalapo. Likufunsa ngati lelo ndikumvetsa mlandu wanga, komanso ngati nkhani ya madziyo ikuima payokha ine nditachokapo. Afuna lipoti la dokotala. Kenako: "Kope lili kuti?"

Ndinaima nalo m'manja nthawi yaitali. A Solomon anatsokomola kumbuyo. Ndinapeleka.

Woweluza anayamba kutsogolo. Tsamba ndi tsamba. Mokweza anangonena kuti, "Miyezi 71, sanajombepo." Kenako anatembenuza kope n'kuwelenga maina a ana, onse 26, mmodzimmodzi.

Lachitatu, 18

Sindinatuluke. Amama abwela kuchokela kumsika nkhope ili gwa. Ndiye kuti nkhani yafika.

Lachisanu, 27

Mlandu upitilila. Pempho la kampani lakanidwa. Kope latsala kukhoti ngati umboni, alimata kapepala ka nambala.

Panja Mathew akuti, "Wati, ndi ntchito chabe." Ndamuuza kuti manotsi a chaka chachiwili ndikadali nawo, akawafuna.

Madzi akadali ofiila.

Lachitatu, 2 Okutobala

Tsiku la mankhwala. Zaka zonsezi ndimalowela kuseli, mpango kumaso. Lelo ndinalibe chobisa, ndakhala pa benchi ya kutsogolo ndi kope latsopano, lopanda kanthu.

Abwela a Racheal, mmodzi wa asanu ndi anayi aja, mwana kumsana. Ndinakonza kale mawu owalasa nawo.

"Monile, a NyaZimba."

"Yewo."

Akhala pambali panga penipeni. Atulutsa kope la mwanayo, alitembenuza, andipatsa ndi cholembela chomwe.

"Anayamba Lolemba. Madzi anafiila Lamulungu. Lembani bwino, muja munalembela mwanu."

Ndafunsa dzina la mwana.