Toyera ta pansi pa mwala

Lolemba, 9 Meyi 1983

Takoma Park, ku America. Mvula yakata. Ndatembenuza mwala kuseri kwa nyumba, kufuna pobzala nkhwani. Pansi pake mudzi wa nyerere, ndipo pakati pa nyererezo tinthu toyera mbee, tochepa ngati mpunga wosweka. Ndathamangira galasi langa lokuza zinthu. Zaka zinayi lili m'sutikesi pamodzi ndi digiri yanga ya sayansi, zonse ziwiri pa tchuthi.

Miyendo khumi ndi inayi. Thupi lophwatalala, la timagawo. Tinyanga tiwiri tatifupi, tonjenjemera osapuma. Maso kalibe ndi limodzi lomwe. Ndi mbale wa tizilombo totuwa tija timabisala pansi pa mtsuko, timene Azungu amati woodlouse. Fuko lake ndi la nkhanu, osati la mphemvu, n'chifukwa chake pouma sikakhalitsa. Mwamuna wanga Goodwin, katswiri wa zachuma, wakayang'ana n'kufunsa, "Ndiye kamadyedwa?" Ndinakwatiwa ndi mimba yovala tayi.

Lachitatu, 11 Meyi

Mabasi awiri mpaka kuyunivesite. Pulofesa Whitlock, mayi wamtali wa nsapato zamatope. Chaka chatha ndinawalembera makalata atatu opempha malo a maphunziro, yankho zii. Lero nditawaonetsa zomwe ndajambula, mpando wapezeka, tiyi wapezeka. Akuti mtundu umenewu umakhala m'nyumba za nyerere mokha, kudya zotsala zawo, eni nyumba osauluma. Iwo kuno sanauonepo.

"Mubwere nato tamoyo Lolemba, ndi nyerere zake. Ngati ndi tomweto, ndili ndi malo amodzi." Lolembalo ndiye tsiku lotseka mayina.

Pobwerera ndimaimba m'basi. Motsitsa, koma ndimaimba.

Lachisanu, 13 Meyi

Toyera tija tafa tonse.

Apongozi anga, amayi a Goodwin, chibwerereni kuchokera ku Ntcheu mwezi watha amasesa pabwalo m'mawa uliwonse. Kapinga wa mwini nyumba watsala pang'ono kutha. Lero aona mzere wa nyerere ukulunjika kukhitchini, aulondola mpaka pamwala wanga. Maketulo awiri a madzi owira.

"ANachisale, ndakuthandizani. Zikanatithera shuga."

Ndipo ine, wophunzira, ndinagwada n'kuthokoza. Kenako kukalira m'bafa, mpope uli wotsegula. Kulakwa ndi kwanga, sindinawauze. Koma apongozi ungawauze bwanji kuti tsogolo lako lili pansi pa mwala?

Loweruka, 14 Meyi

Tsiku lonse m'mbali mwa mtsinje wa Sligo, kutembenuza miyala. Nyongolotsi, akangaude, totuwa tamaso tosawerengeka. Toyera, ngakhale kamodzi. Mzungu wina woyendetsa galu wandifunsa ngati ndataya mphete. Msana ukuwawa.

Goodwin wawafotokozera amayi ake zonse. Kupepesa ayi, mkulu sapepesa. Angofunsa kuti nyererezo zinali zakuda kapena zofiirira, n'kukalowa kuchipinda.

Lamulungu, 15 Meyi

Tikungofika kuchokera kutchalitchi, apongozi akuti, "Vulani nsapato za gogodazo, tengani botolo."

Ine pambuyo, iwo patsogolo, ngati ndine mlendo m'dziko muno. "Inu mumafunafuna pamthunzi ngati mukuzula bowa. Nyerere zimafuna mwala wopyapyala, woothera dzuwa la m'mawa, koma pansi ponyowa." Mwezi umodzi wokha m'msewu uno, adziwa kale mudzi uliwonse wa nyerere, kuyambira pa positi ofesi mpaka pa siteshoni. Anali ndi cholinga choithira madzi yonse, umodziumodzi. Zimene ine ndinkati akupita kokawongola miyendo, kunali kukazonda adani.

Mwala woyamba, nyerere zokha. Wachiwiri chimodzimodzi. Wachitatu, kuseri kwa galaja ya aneba: toyera, khumi ndi kamodzi. Nyerere piringupiringu kunyamula mazira, kundiluma mpaka m'zigongono. Toyerato sitinalumidwe ndi nyerere ngakhale imodzi, timangotsetserekera m'timauna kuthawa kuwala. Ndatola tisanu ndi titatu pogwiritsa ntchito nthenga, pamodzi ndi nyerere zake.

Apongozi anayang'ana pagalasi nthawi yaitali. "Kameneka ndi kamene kakulowetseni sukulu? Koma kuno anthu zinthu zinawakwana."

Dothi lothira m'botolo anasankha okha. Langa akuti linali louma.

Lolemba, 16 Meyi

M'mawa. Tonse tamoyo, ndawerenga kawiri. Botolo lakulungidwa m'nsalu yonyowa kuti musalowe kuwala. Zikalata zanga zili m'chikwama, bulauzi yositidwa.

Botololo sindinalikhudze. Apongozi avala duku latsopano, alifungata ngati khanda, akana kundipatsa. Akuti ine ndimayenda mothamanga, ndikalikhutchumula. Akutinso apulofesawo ngati zaka zonsezi sanataonepo, ndiye kuti sadziwa pofunafuna, ayenera kulangizidwa. Chingerezi sadziwa, womasulira ndine. Ndasankhiratu mawu oti ndikasiye panjira.

Akundiitana panja. Basi yatulukira pa...