Nyimbo ya Mayi Mose

Nambuma,
Lilongwe.
21 Ogasiti 2024.

Okondedwa achemwali anga a Dorcas,

Ndikhulupirira muli bwino ku Mzuzuko pamodzi ndi alamu ndi ana. Ife kuno tilipo, kungoti fumbi layamba ndipo amayi chifuwa chawo chija chabwereranso, koma mankhwala akumwa. Mtedza tinathothola, thumba lanu likukudikirani.

Mabuku munatumiza aja ndinalandira. Munati ndiyambe ndi lachikuto chobiriwira, lonena za amayi akale amene ankalemba nkhani n'kuikapo mayina a amuna kuti anthu aziwerenge. Ndawerenga ndithu, pang'onopang'ono, poti Chingerezi changa cha Fomu 2 chinachita dzimbiri. Lalikulu lija landikanika, mawu ake ndi a ku yunivesite. Koma achemwali, chiwerengereni mabukuwa mutu wanga sukugwira, moti sindikudziwa ngati ndikuthokozeni kapena ndikudandaulireni.

Mukudziwa kuti nyimbo zambiri zimene kwaya ya tchalitchi chathu imaimba zimachokera kwa ine. Zimandibwerera ndili kudimba kapena panjira ya kuchigayo, ine n'kukawaimbira a Godfrey, akwayamasitala athu, iwo n'kuzigawa mawu, a besi awo, a tena awo. Zaka zonsezi sindinaonepo vuto. Ndiye mwezi wathawu tinapita ku mpikisano wa makwaya, n'kupambana ndi nyimbo yanga yothokoza zokolola. Wolengeza anati, "Nyimbo imeneyi anapeka a Godfrey Kalonga." Anthu anaomba m'manja, inenso ndinaomba nawo. Koma pobwerera pa lole, amayi a m'buku lobiriwira aja anandikhala pamtima mpaka kufika kunyumba.

Mawa lake ndinawapeza a Godfrey kudambo akukonza mabedi a nazale ya fodya. Nditawapatsa moni ndinati, "Akwayamasitala, bwanji dzina langa silinatchulidwe dzulo?"

Anaimika khasu. "Amake Mwayi, kodi nyimbo ya Mulungu imakhala ndi mwini?"

"Nanga lanu linalowamo bwanji?"

Iwo anati, "Inu mumabwera ndi liwu limodzi. Amene amaliveka mawu enawo ndani? Amene amalimbana ndi anthu osatha kuimba mpaka athe ndani?"

Ndipo achemwali, sananame. Apa m'pamene buku lanu linanditaya panjira. Amuna a m'bukumo kuipa kwawo kumaonekeratu, pomwe a Godfrey ndi omwe aja anathamangira ndi bambo athu ku chipatala cha Kabudula panjinga, mvula ikugwa.

Nkhani inafika kwa akatekisiti. Anatiitana, n'kugamula kuti dzina likonzedwe. Lamulungu lotsatira anaima kutsogolo n'kulengeza kuti, "Nyimbo yathu ija inapekedwa ndi Mayi Mose Chapola." Alamu anu a Mose anatuluka m'tchalitchi mano onse ali pamtunda, anzawo akuwagwira chanza ngati apambana mpira. Tsiku la msika anandigulira chitenje, nati, "Mwamveketsa dzina langa, amake Mwayi." Anali okondwa ndi mtima wonse. Ine ndinalandira ndi manja awiri, koma mumtima ndikudzifunsa ngati ndapambana kapena ndagonja, poti dzina langa la Ezeliya silinamvekebe paliponse. Kodi ndikanayambitsanso mlandu wina ndi mwamuna wanga amene sanandilakwire kanthu?

Chichokereni tsiku limenelo a Godfrey sanapondenso kukwaya, ndipo abambo ambiri a besi anawatsatira. Chondiwawa kwambiri ndi Rabecca, mkazi wawo, mnzanga uja tinkapita naye limodzi kunkhuni tili atsikana. Ndinakumana naye pa mjigo, ndinamupatsa moni, iye n'kungoti, "Mwamuna wanga wamusandutsa mbava pamaso pa mpingo, eti?"

Ndinati, "Rabecca, ine sindinanene kuti ndi akuba."

"Nanga unanena kuti chiyani?"

Sanadikire yankho. Anasenza ndowa yekha, osalola kuti ndimusenze, ine n'kutsala chilili. Amayi ena akakumana nane paawiri amandinong'oneza kuti ndinachita bwino, koma pagulu amayang'ana kumbali. Ndiye ali kumbali yanga ndani, sindikudziwa.

Lamulungu lathali kunalibe wotsogolera nyimbo. Akatekisiti anandikodola nati, "Mayi, poti nyimbo ndi zanu, kaimeni kutsogolo." Mpaka lero sindikudziwa ngati unali ulemu kapena chilango. Ndinakaimadi. Nyimbo yolowera ndinaiyambira pamwamba kwambiri, a tena otsalawo n'kusochera, ana kumbuyo n'kumaseka. Ndinalakalaka nthaka itang'ambika. Koma pofika pa nyimbo ya zopereka amayi a m'kwaya anaigwira, tchalitchi chonse n'kulowamo, ine n'kumva kukoma kumene sindinakumvepo chibadwire, mpaka ndinachita nako manyazi. Nditadzutsa maso ndinaona a Godfrey pa benchi lakumapeto. Pakamwa anali atatseka, koma dzanja lawo linkamenya benchi motsatira nyimbo. Kaya ankandithandiza, kaya ankandionetsa pamene ndikuthamanga, sindinathe kuzindikira. Potuluka sanandiyang'ane.

Ndiye pempho langa ndi ili. Amayi a m'mabuku anuwa akalankhula zawo amasamuka, amakakhala kutauni ina, nkhani n'kuthera pomwepo. Kodi palibe buku la mayi amene analankhula koma n'kukhalabe pamudzi pomwepo, n'kumatunga madzi pa mjigo umodzi ndi anthu amene wawakhumudwitsa? Ngati lilipo nditumizireni limenelo, ndione mmene anachitira. Likakhala la Chichewa zingakhale bwino koposa, mwina tsiku lina ndingadzamubwereke Rabecca. Mundiuzenso maganizo anuanu, osati a m'buku. Inu a Godfrey mukuwadziwa. Kodi ndipite ndikapepese? Ndikapepesa, ndikati ndalakwa chiyani?

Panopa kwandibwerera nyimbo ina, ya ukwati, yokoma kuposa ija. Sindinaimbire munthu aliyense. Ndimangoing'ung'udza ndikamaswa mtedza, wina akatulukira n'kusiya. Mawu a besi sindingathe kuwaika ndekha, ndipo wokhoza kuwaika ndi mmodzi yekha mudzi uno.

Amayi akupereka moni wambiri. Anandifunsa zimene zili m'mabukumo, nditawafotokozera anangoti, "Nanga amayi amenewo nthawi yolemba ankaipeza kuti?" A Mose akuti muwapatse moni alamu, ndipo muwauze kuti dzina lawo latchuka kuno. Mwayi akufunsa tsiku limene mudzabwere. Rabecca nthawi zonse ndikamakulemberani amati ndimuikiremo moni wake. Ulendo uno sindinamuuze kuti ndikulemba, komabe ndawuika. Mukamayankha mudzamubwezere monga mwa masiku onse, kuti ndidzapeze chonyamula popita kwawo.

Ndine mng'ono wanu,
Ezeliya