Nyimbo Yanu ya Popeta Mpunga Yalowa mu Kanema

Amayi, kodi kumeneko mukudzuka bwanji? Ife kuno ku Benga tili bwino, kupatula bondo la abambo lomwe limavuta kukazizira.

Mng'ono wanga Lusiya wachira, mwana wamkazi, dzina lake Chisomo. Chipumi ndi chanu chenicheni, ndipo akalira amamveka mpaka kumsewu. Mpunga wachita bwino chaka chino ngakhale mvuu zinadya mbali ya kumtsinje. Dzikonso lasintha chitisiyireni inu. Zipani zachuluka, anthu akukangana za ndale pamsika osacheuka, ndipo ine ndikuvala thalauza poimba. Musakwiye.

Mukukumbukira limba lopopa ndi mapazi la kutchalitchi lija? Abambo ankati mwana wamkazi akutaya nthawi, inu n'kumayankha kuti, “Musiyeni, zala zake zikudziwa kumene zikupita.” Zinandifikitsa ku Lilongwe zalazo, kumene ndakhala zaka zisanu ndikuimba piyano muhotela, alendo akudya osandiyang'ana n'komwe.

Chaka chatha mayi wina wojambula kanema anandimva ndikuimba. Ankajambula za amayi oyanika usipa ku Ngala, ndipo anandipempha kuti ndipeke nyimbo zake. Ndinavomera msangamsanga, koma zimene ndinapeka anazikana kawiri konse, amvekere zikununkha hotela. Anandipatsa sabata imodzi, kuti zikakanikanso agula nyimbo zakunja.

Ndinakwera basi kubwera kumudzi mtima uli m'mwamba. M'mawa mwake ndinapeza Lusiya akupeta mpunga ndi lichero lanu lija losokedwa m'mphepete. Nditangomva kulira kwa mpunga m'licheromo, kanyimbo kopanda mawu kamene munkang'ung'udza popeta kanabwera kokha m'mutu mwanga. Ndinabwerera ku Lilongwe tsiku lomwelo. Dzanja lamanzere ndinalipatsa kagundidwe ka lichero, lamanja mawu anu. Mayi uja atamva anapempha kuti ndiimbenso.

Loweruka lapitali kanemayo anamuonetsa muholo ya sukulu kuboma, masana, mawindo atatchingidwa ndi mabulangete, jenereta ikulira panja. Abambo anayamba akana kupita, ati bondo. Koma titafika pasiteji ya basi tinawapeza atatsogola kale, atavala jekete lawo la paukwati.

Amayi, mukanaona! Nyimbo itangoyamba, azakhali a Nabanda anadzuka n'kukuwa kuti, “Iyi ndi ya alamu anga iyi!” Amayi a kwathu onse anayamba kung'ung'udza nawo, ena akupukuta misozi ndi chitenje, ena akuseka. Ine ndinkangoyang'ana abambo. Anakhala duu, ndodo ili pakati pa miyendo, osaphethira. Ndinaopa kuti mwina ndawatsegula bala.

Kanema atatha, mayina anayamba kukwera pansalu, ndipo langa linadutsa. Apo abambo anaimirira, bondo litaiwalika, n'kuuza bambo woonetsa kanemayo kuti, “Tabwezani pamenepo, sindinawerenge bwino.” Anabweza. Anatinso abweze. Kachitatu holo yonse inawerenga nawo mokweza, ndipo iwo anatembenukira kwa anthu n'kunena kuti, “Ameneyo ndi mwana wanga. Limba anayambira kwathu konkuno.” Pobwerera anandigulira nthochi, ngati ndikadali kamwana ka sitandade wanu.

Tsopano mayi uja akufuna ndipekenso nyimbo za kanema wina wa alimi a mzimbe. Ndavomera, koma ndamuuza kuti pali cholakwika chimene tiyambe takonza. Pansalu paja analemba kuti nyimbo anapeka ndine, pomwe ine ndinangoitola pakamwa panu. Munkadana ndi munthu wokolola m'munda mwa mnzake, ndipo sindikufuna mundiyang'ane ndi diso lija.

Choncho ndikulonjeza, kanema wa usipa uja asanakaonetsedwe ku Blantyre, dzina lanu lilembedwa pamwamba, langa pansi pake. Abambo ati akapita nawo kuti akaone ngati alilemba bwino.

Ndimakukondani kwambiri, Amayi.

Ine mwana wanu,
Esinati