Nsanje ya supu ya nkhono

Amayi, kodi kumeneko mukukhala bwanji? Ife kuno ku Glasgow tilipo, mvula yokhayokha. Achimwene a Dalitso anaimba dzulo: mpongozi wanu wachira, mwana wamwamuna. Mbatatesi za kudimba kwanu ku Dedza zachita bwino, ngakhale mbuzi zalowamo kawiri.

Koma chimene ndikulemberani ndi nsanje, Amayi, sindibisa. Paja munkati ine ndimadya maso ali m'mbale ya mnzanga.

Pansi pathu m'nyumba yosanjayi mumakhala gogo wina wachizungu, Mayi Moira. Ine ndikakhala kuntchito kosamalira okalamba, mdzukulu wanu Tiyamike akaweruka kusukulu amafikira kwa iwo. Khanda munalinyamula kamodzi kokha lija pano lili ndi zaka zisanu ndi zinayi, ndipo ndikaliyankhula Chichewa limandibwezera Chingerezi cha kuno. Aphunzitsi ake anauza ana kuti aliyense alembe za chakudya cha agogo ake. Pepalalo ndinalipeza m'chikwama. Walemba za supu ya Mayi Moira, ya nkhono za m'nyanja ndi kirimu, ati ndiyo ya agogo ake. Agogo ake! Mtima unandipweteka zedi.

Ndinati supu ndi supu basi, ndiphika ndekha aone. Loweruka ndinakagula nkhonozo, zamoyo, zili m'zigoba. Inu amene munkati chokhala m'chigoba si ndiwo, mukanandiona! Nditazitereka zinayamba kuyasamula. Ine n'kuganiza kuti zoyasamulazo n'zovunda, ndiye ndinazitaya zambiri, n'kumalimbana ndi mpeni kukanula zotseka. Kenako ndinakumbukira mawu anu akuti nyama yachilendo uziiphika mpaka igonje. Ndinaziwiritsa ola lathunthu. Ndinakazinga anyezi, ndipo dzanja lokha linadulira tomato atatu, poti ndiwo yopanda tomato ndinaionapo kuti? Nditathira kirimu zonse zinachita mibulu ngati chambiko. Nkhonozo ndiye mphira wa legeni weniweni.

Tiyamike anasuzumira mumphika, n'kutuluka. Posakhalitsa ndinamva akukwera masitepe ndi gogo uja, pang'onopang'ono, atamugwira dzanja. Ine dzanja langa anasiya kuligwira kalekale, ati wakula. Mayi Moira anandiuza mofatsa kuti zoyasamula zija ndiye zinali zabwino, zotsekazo zinafa kale, ndipo mwana akanadya akanadwala. Mphika wonse anautaya, m'khitchini mwanga momwe, ine ndili chilili. Manyazi ndi mkwiyo zinandigwira pamodzi, koma ndikanati chiyani? Sanalakwe.

Lamulungu titabwerako kutchalitchi Mayi Moira anafikanso ndi nkhono zina, kuti andiphunzitse. Anayamba ndi nyama yankhumba ndi anyezi, kenako mbatatesi zoduladula, n'kuthiramo madzi omwe anaphikira nkhonozo atawasefa pansalu chifukwa cha mchenga. Kirimu pomalizira, moto wochepa, nkhono kungozifunditsa basi. Inakoma, Amayi. Ndicho chikundiwawa. Ndinkafuna nditaipezera chifukwa, koma ndinamaliza mbale. Ndiye kumuona Tiyamike akuwapatsira supuni asanapemphe, akunong'onezana, akuseka, ine pakhomo ngati mlendo.

Tikudya, Mayi Moira anandifunsa kuti mayi anga ankakonda kuphika chiyani. Ndisanayankhe, Tiyamike anaika supuni pansi n'kundifunsa m'Chichewa chake chothyokathyoka: "Amami, agogo a ku Malawi dzina lawo ndi ndani?"

Sakulidziwa, Amayi. Ndipo wolakwa si gogo uja ayi. Chibwerereni kumaliro anu, kutchula za inu kumandiwawa, ndiye ndinangosankha kukhala chete. Zaka zisanu ndi chimodzi. Malo anu ndinawasiya ndekha opanda munthu, wina wabwino mtima n'kukhalapo, lero ndikumudya ndi maso. Ndinamuuza mwanayo dzina lanu, misozi ili mbwee, iye n'kulibwereza kawiri kuti alitchule bwino.

Musaganize kuti nsanje yatha. Ikadalipo, ndipo ndikamva fungo la supuyo likukwera m'masitepe ndimatseka chitseko. Koma ndapeza mbatata ndi mtedza m'sitolo ya amwenye ku Pollokshields. Loweruka likudzali ndiphika futali wanu uja, ndipo ndimuuza mwanayo za inu mpaka atope, ngakhale ndilire. Mayi Moira ndiwaitana, koma akhale pampando. Mthiko agwira ndi mdzukulu wanu. Ichi chokha ndikulonjeza.

Ndimakukondani, ndipo ndakusowani,
Ine mwana wanu,
Esnati